Ife timajambula zilumba zomwe kulibe

Ntchito yathu pa Chitakale, ku Mulanje, idayamba ngati ya wina aliyense wodziwa kugwira burashi: kulemba zikwangwani za maokala, za masaluni, ndi mayina a pa minibasi. Ine ndimagwira penti, mng'ono wanga amagwira kompyuta ndi pulinta. Za zilumbazi zidabwera ndi anyamata a kusekondale omwe ankabwera kudzatchajitsa mafoni, n'kumakangana pakhonde pathu za katuni ya ku Japan yotchedwa One Piece mpaka dzuwa kulowa.

Kwa amene simuidziwa, nkhaniyi adaiyamba Eiichiro Oda mu 1997 m'magazini ya Weekly Shonen Jump, ndipo kampani ya Toei Animation idayamba kuionetsa pa kanema mu 1999. Ndi ya achifwamba a panyanja omwe amayenda chilumba ndi chilumba pa njira yotchedwa Grand Line. Chomwe chimakoka anyamatawa si ndewu zokha ayi. Chilumba chilichonse chili ndi nyengo yake ndi malamulo ake: Drum n'kozizira chaka chonse, Alabasta n'chipululu, Skypiea ili pamwamba pa mitambo, ndipo Zou ili pamsana pa njovu yomwe ikuyenda m'nyanja. Munthu ukaonera zotere umayamba kulota chako.

Mmodzi wa iwo adabwera ndi pepala la m'kope la masamu, atajambulapo chilumba cha m'mutu mwake, nati, "Achimwene, mungandikuzire ichi ndikapachike kuchipinda?" Ndidamujambulira pa bolodi lotsala. Anzake ataona, aliyense adafuna chake, ndipo lero mapu a zilumba ali ndi khoma lawolawo mu shopu, ena pa pepala lolimba, ena pa masikipa.

Tili ndi lamulo limodzi lomwe makasitomala ena amadandaula nalo. Sitisindikiza nkhope ya Luffy, mtsogoleri wa achifwamba a mu One Piece, kapena mbendera ya gulu lake, chifukwa zimenezo zili ndi mwini wake, ndipo pa msika wa kaunjika zilipo kale mbwee. Ife timangojambula chomwe munthu wapeka yekha. Ndiye tisanagwire pensulo timamukhazika pansi n'kumufunsa: kuchilumba kwakoko mvula imagwa bwanji? Anthu amadya chiyani? Amalamula ndani, ndipo n'chiyani choletsedwa? Amene amangoti "kukhale chuma chambiri ndi chilombo chachikulu" timamubweza kuti akaganizenso. Ndimaoneka wovuta, koma mapu opanda mayankho amenewa amatuluka ofanana onse.

Zilumba zomwe zimatuluka bwino ndi zomwe mwini wake wazitenga pompano. Anthu a kuno sitivutika kumvetsa Skypiea. Chiperoni chikakuta tsinde la phiri m'miyezi ya Juni ndi Julaye, nsonga zokha n'kumaoneka pamwamba pa nkhungu, Mulanje amasanduka chilumba ndithu, ndipo Sapitwa ndi mamita ake 3,002 amakhala ngati likulu lake. Mtsikana wina wa ku Likhubula adapeka chilumba chomwe ngalawa zake zonse n'zamkungudza, koma wodula mtengo osadzala wina amasochera m'nkhungu osabwereranso. Bambo ake ndi wonyamulira alendo katundu m'phiri, ndiye akudziwa mmene mkungudza watheramu. Mnyamata wina adatenga nkhani ya agogo ake, yoti m'phiri umapeza chakudya chokonzedwa ndi mizimu ndipo uyenera kudya wekha osaitana mnzako, n'kuisandutsa lamulo la doko lake. Wina wa ku Limbuli, yemwe mayi ake amathyola tiyi, adajambulitsa chilumba cha minda ya tiyi yokhayokha, chomwe mfumu yake imalipira anthu poyeza dengu pa sikelo yabodza. Mapu amenewo ndidawajambula mosamala kuposa ena onse, mpaka sikeloyo ndidaiika pakati penipeni.

Chilumba cha Napolo chokha ndimachikana. Ambiri amachipempha, poti chinjoka chotsika m'phiri ndi madzi ndi miyala chimakwanira bwino m'nkhani zoterezi. Koma kuchokera pomwe namondwe wa Freddy adatipweteka mu Malichi 2023, pali anthu odutsa pakhomo pathu omwe sindifuna kuti achione chitapachikidwa ngati choseweretsa.

Kunena za phindu, zikwangwani ndi zomwe zimalipirabe lendi. Makasitomala a zilumba ndi ana asukulu, ndalama zawo n'zapatalipatali, ambiri amalipira pang'onopang'ono pa Airtel Money kapena Mpamba, ndipo mapu satuluka mpaka atamaliza. Inki timakagula ku Limbe, mtengo wake sukhazikika, ndipo magetsi akazima mng'ono wanga amangokhala manja lende pomwe ine ndikupitiriza ndi burashi. Alendo otsika m'phiri nawo ayamba kugulako, makamaka mapu a chilumba cha mkungudza aja. Tidagwirizana ndi mwini wake kuti akagulidwa amodzi, iye azilandirapo gawo lake, ndipo amabwera yekha Loweruka kudzawerengera m'kope.