Momwe ndinasinthira ndekha pampu ya madzi pa Corolla ya injini ya 1NZ

Galimoto yanga ndi Toyota Corolla NZE121, ya injini ya 1NZ-FE ya malita 1.5. Injini yomweyi ndi imene ili mu Probox, Sienta, ist ndi ma Vitz ena, choncho zomwe ndifotokoze pano zikukhudza ambiri a inu amene muli ndi magalimoto ochokera ku Japan. Ubwino wa injiniyi ndi wakuti pampu ya madzi ili kunja, ndipo imazunguzidwa ndi lamba yemwe uja amazunguza alternator, chipangizo chopanga magetsi otchaja batire. Simufunika kufika ku tcheni cha timing. Pa injini zina, monga 3S-FE ya RAV4 yakale, pampu imazunguzidwa ndi timing belt, ndipo kumeneko ntchito ndi ina: mukaphonya chizindikiro chimodzi pobwezera, injini siyenda bwino kapenanso siliza n'komwe. Ngati yanu ndi ya mtundu umenewo, musatsatire zanga.

Chinayamba ndi madzi a m'kabotolo ka pambali pa rediyeta. Ankatsika pang'onopang'ono, koma pansi pamene ndimaimika galimoto sipankaoneka dontho. Kenaka m'mawa injini ikangoliza pankamveka kaphokoso kokukuta kuchokera mbali ya malamba. Sindinathamangire kugula pampu, chifukwa madzi ali ndi njira zambiri zothawira. Ndinafinya mapaipi onse awiri akuluakulu kuona ngati ang'ambika, ndinayang'ana m'mphepete mwa rediyeta momwe pulasitiki imalumikizana ndi chitsulo, ndinaona labala ya pa chivundikiro cha rediyeta. Ndinatsegulanso chivundikiro cha oilo. Mukapeza zotuwa za thovu pansi pake, kapena mukaona utsi woyera wosatha ku ekizozi injini itatentha kale, kayikirani head gasket, gasiketi yomata pakati pa mutu wa injini ndi thupi lake, ndipo pampu yatsopano sikuthandizani. Kwa ine konseko kunali bwino.

Umboni ndinaupeza nditawalitsa tochi kunsi kwa pulley ya pampu, kagudumu komwe lamba amadutsapo. Pampu ili ndi kabowo kakang'ono kamene opanga anakaboola dala. Mkati muli seal yotchinga madzi kuti asafike ku bearing, pomwe chitsulo cha pampu chimazungulirapo, ndipo seal ikayamba kutha madzi amatulukira pa kabowoko. Chifukwa injini imakhala yotentha, madontho oyamba amauma asanafike pansi, n'kusiya zouma zoyererako kapena zofiirira pa thupi la pampu. Zimenezo zinalipo, mzere wautali ndithu wotsikira m'munsi. Nditamasula lamba n'kugwedeza pulley ndi dzanja, inkagwedera, ndipo poizunguza inkamveka kukhakhala. Pampu yabwino sigwedera ngakhale pang'ono. Apa ndinadziwa kuti bearing yatha, ndipo kudikira kunali kuika injini pa chiswe, chifukwa mutu wa injiniyi ndi wa aluminiyamu ndipo ukawira kwambiri umapindika.

Pogula, ndinafunsa pampu ya Aisin, kampani yomwe imapangira Toyota mapampu. Inali yokwera mtengo kuposa zina zomwe anandionetsa, koma ntchito yomasula ndi imodzimodzi kaya mwaika yabwino kaya yachabe, ndipo yachabeyo mudzaimasulanso posachedwa. Tsegulani bokosi muli m'shopu momwemo. Onani kuti gasiketi ilimo, zunguzani mbali yamapiko okankha madzi mumve ngati ikuyenda mosalala. Ndinagulanso lamba watsopano popeza wakale anali atanyowa ndi coolant (madzi a mankhwala oziziritsa injini) komanso anali ndi ming'alu m'mizere yake, ndi coolant wa malita 6 kuti ndisaperewedwe. Zida sizinali zambiri: masipanala ndi masoketi a 10, 12 ndi 14, ena okulirapo a mounting (chomangira injini ku thupi la galimoto), jeki, chothandizira galimoto ikakwezedwa, thabwa lokhuthala, beseni lalikulu, nsanza, ndi torque wrench (sipanala yoyeza kulimba kwa bawuti) yobwereka kwa mnzanga wamakaniko.

Ndinayamba m'mawa injini itagona usiku wonse. Chivundikiro cha rediyeta musachitsegule injini ili yotentha. Madzi amakhala atapanikizika mkati, ndipo amatumphukira kumaso ndi m'manja. Ndinaimika galimoto pamalo osalala, ndinakoka handibuleki, ndinaika miyala ku matayala akumbuyo, ndinachotsa waya wa negative pa batire. Wayayo ndi wofunika kuchotsa chifukwa mugwira alternator, ndipo fani ya rediyeta ndi yamagetsi. Kenaka ndinakweza kutsogolo mbali ya dalaivala, kumene kuli malamba, n'kuchotsa tayala ndi kapulasitiki kotchinga m'kati mwake. Galimoto isatsamire pa jeki yokha, ndiponso isatsamire pa njerwa. Njerwa imasweka mosachenjeza, inu mutu uli kunsi.

Kunsi kwa rediyeta kuli kampopi kapulasitiki kotsegula ndi zala. Ndinatchera beseni, ndinatsegula kampopiko, kenaka chivundikiro cha pamwamba kuti madzi atsike msanga. Zimene zinatuluka zinali zabulawuni, za dzimbiri, popanda mtundu wa coolant ngakhale pang'ono. Galimotoyi ndinaigula kwa munthu wina, ndipo zinaonekeratu kuti inkamwa madzi wamba kwa nthawi yaitali.

Pano ndiimepo pang'ono, chifukwa ndikukhulupirira kuti ichi ndicho chimapha mapampu ambiri kwathu kuno. Anthu amati coolant ndi wa kumayiko ozizira kumene madzi amaundana, ife tilibe naye ntchito, ndiye amangothira a pampopi kapena a pamjigo. Kuletsa kuundana ndi ntchito imodzi chabe ya coolant. Muli mankhwala oletsa dzimbiri ndi kudyeka kwa zitsulo, ndipo amachititsa kuti madzi asawire msanga. Madzi a pamjigo ambiri ali ndi michere ya m'nthaka. Taonani m'kati mwa ketulo imene mumawiritsira madzi oterowo tsiku ndi tsiku: zoyera zija zomata pansi ndi zomwe zimamatanso m'timapaipi ta rediyeta. Tizidutswa ta dzimbiri timayenda ndi madzi n'kumakanda seal ya pampu mpaka kuibowola. Mukasintha pampu n'kubwezeramo madzi omwewo, mwangoyambitsanso matenda aja. Pa ngozi, muli pa msewu, thirani madzi alionse oyera kuti mufike. Koma mukafika, akhuthuleni.

Zomwe zili m'beseni musazisiye poyera. Coolant ali ndi ethylene glycol, ndi poizoni, ndipo amatsekemera, moti galu, nkhuku ngakhale mwana angathe kumwa. Ine ndinathira m'chigubu chotseka nthawi yomweyo.

Mabawuti atatu a pulley ya pampu ndinawamasula pang'ono lamba asanachoke. Apa ndi pamene ambiri amavutika. Lamba akachoka pulley imangozungulira limodzi ndi sipanala, ndipo mulibe pogwira. Lamba ali pomwepo amaigwira, inu mumangothyola kulimba kwa bawuti lililonse osalichotsa. Ngati ikuterereka, panikizani lambayo ndi dzanja lina. Ndisanachotse lamba ndinamujambula pa foni kuti ndikumbukire momwe amadutsira. Kenaka ndinamasula bawuti la 14 la kunsi kwa alternator ndi la 12 la pamwamba, ndinakankhira alternator ku injini, lamba n'kugwa yekha. Alternator ndinaichotseratu nditamasula mawaya ake, kuti manja apeze malo komanso kuti madzi otsala asaithire.

Chovuta chenicheni pa galimotoyi ndi kuchepa kwa malo pakati pa pampu ndi thupi la galimoto. Ndinaika jeki kunsi kwa sampu, chitsulo cha pansi pa injini chosunga oilo, thabwa lili pakati kuti chitsulo chisabooke kapena kupindika, n'kukweza pang'ono chabe kuti inyamule kulemera kwa injini. Ndinamasula mounting ya mbali imeneyo. Injini ikakhala pa jeki mumatha kuikweza kapena kuitsitsa pang'ono kuti bawuti lomwe mukufuna lionekere. Chitani pang'onopang'ono, mukuyang'ana mapaipi ndi mawaya kuti asakokeke. Pulley inatuluka, ndipo pampu inaonekera yonse.

Pampu yagwidwa ndi mabawuti 3 ndi manati 2, zonse za sipanala ya 10. Lililonse ndinkaliika pa katoni molingana ndi malo ake. Nditachotsa zonse pampu inakakamirabe. Ndinaigogoda mopepuka ndi chigwiriro chathabwa cha hamala mpaka inalekana. Musalowetse sikuludiraiva pakati kuti mukanule, chifukwa aluminiyamu ndi yofewa, ndipo pomwe mwakanda padzakhala podontha mpaka kalekale. Madzi ena amakhuthuka apa, beseni likhale pafupi. Nditaika yakale ndi yatsopano pamodzi ndinaona kuti mabowo akugwirizana, kutalika n'kumodzi. Mapiko a yakale anali atadyeka m'mphepete.

Nthawi yambiri ndinaithera pa kutsuka pokhala gasiketi. Zotsalira za gasiketi yakale ndinazipala ndi kachidutswa ka pulasitiki kolimba, kenaka kupukuta ndi nsanza mpaka chala chikamadutsa osamva kanthu. Ntchito yake ndi yotopetsa chifukwa mbali ina simuiona, mumangoyendera chala, koma kudontha kapena kusadontha kumachokera pamenepa. Silikoni sindinapake. Ndimaona amakaniko ena akumata wambiri mbali zonse ziwiri, ndipo pomanga wotsalayo amafinyikira m'kati, n'kuduka, n'kukatseka timapaipi ta rediyeta. Malo akakhala oyera ndi osalala, gasiketi yatsopano imakwanira payokha.

Ndinakoleka gasiketi pa timitengo tiwiri ta manati tija, pampu pamwamba pake, n'kulowetsa mabawuti onse ndi zala kaye. Bawuti likakana kulowa ndi zala, labwera mopendekera, libwezeni muyambirenso. Pomanga ndinkadumphadumpha, ili kenaka la kutsidya kwake, pang'onopang'ono, kuti pampu ikhale mofanana. Muyezo wake pa torque wrench ndi 11 Nm, ndipo a pulley ndi 15 Nm. Ameneyu ndi muyezo wochepa kwambiri kuposa momwe dzanja limafunira. Mabawutiwa ndi ang'onoang'ono, alowa mu aluminiyamu, ndipo kukoka ndi mphamvu zonse kumathyola bawuti kapena kudya mazinga. Ngati mulibe torque wrench, gwirani sipanala pafupi ndi mutu wake, ndipo likangolimba lekani.

Kubwezera kunayenda msanga: pulley, mounting, alternator ndi mawaya ake, waya wa batire, lamba watsopano motsatira chithunzi cha pa foni. Lamba ndinamukoka pokankha alternator ndi mtengo mpaka atalimba moti pomudina ndi chala chachikulu pakati amangolowa pang'ono. Womasuka amalira ndi kuterereka. Wolimbitsitsa ndi woipa koposa, chifukwa amakoka bearing ya pampu yatsopano ndi ya alternator mpaka kuzitha msanga. Lamba atagwira ndi pamene ndinamaliza kumanga mabawuti a pulley.

Popeza munali dzimbiri, ndinatsuka kaye m'kati. Ndinatseka kampopi, ndinathira madzi a distilled omwe amagulitsa a batire, ndinaliza injini mpaka kutentha, ndinaisiya izizire, n'kukhuthula. Ndinabwereza mpaka otuluka anayera. Kenaka coolant. Werengani pa botolo: wapinki wa Toyota wotchedwa Super Long Life amabwera wosakaniza kale ndipo sathiridwa madzi, pamene ena amafuna kusakaniza theka ndi theka ndi madzi a distilled. Musaphatikize mitundu yosiyana.

Chotsala chinali kutulutsa mpweya, ndipo apa sindinafulumire. Mpweya ukatsalira m'kati pampu imazunguza mphepo, singano ya kutentha imakwera, munthu n'kumaganiza kuti wagula pampu yabodza. Ndinathira pang'onopang'ono pakamwa pa rediyeta mpaka kudzaza, ndikufinya paipi ya pamwamba ndi ya pansi kuti thovu lituluke. Kabotolo ka pambali ndinakadzaza kufika pa mzere wa FULL. Ndinaika hita ya m'galimoto pa kutentha kwenikweni, ndinaliza injini chivundikiro chili chotsegula, n'kumangoyang'ana. Thermostat ya injiniyi, kachitseko kolola madzi kuzungulira mu rediyeta, imayamba kutseguka kutentha kukafika cha m'ma digiri 82. Ikatseguka madzi pakamwa pa rediyeta amatsika mwadzidzidzi ndipo paipi yomwe inali yozizira imatentha. Ndinawonjezera coolant, thovu linapitiriza kutuluka kwakanthawi, kenaka linasiya. Hita inayamba kutulutsa mpweya wotentha, chizindikiro chakuti madzi afika konse. Ndinatseka chivundikiro, n'kudikira mpaka fani ya rediyeta italiza ndi kuzima yokha, tochi ili kunsi kwa pampu. Panali pouma.

Ndinabwezera kapulasitiki ndi tayala, ndinayenda mtunda waufupi wokhala ndi chitunda, maso ali pa singano. Inakhala pakati osasuntha. M'mawa mwake injini itazizira ndinatsegula rediyeta n'kupeza madzi atsikako pang'ono, zomwe zimachitika mpweya wotsala ukatuluka, ndipo ndinawonjezera. Kwa sabata yonse ndinkaona kabotolo m'mawa uliwonse ndisananyamuke. Lamba watsopano amatamuka akayenda masiku oyamba, choncho kumapeto kwa sabatayo ndinamasulanso mabawuti awiri a alternator n'kumukokanso pang'ono.