Probox yadzuka, zikomo apongozi anga

Abale anga, galimoto yanga ya Probox ija yadzuka. Dzulo yapita ku Muloza n'kubwerako itadzaza anthu, singano ya geji ya kutentha kwa injini osasuntha pamalo pake, pansi osadontha ngakhale kadontho. Ndikulemba izi zikhadabo zikadali zakuda, msana ukuwawa, tulo tili m'maso, koma ndati ndisagone ndisanathokoze. Mulungu alemekezeke, ndi Iye amene wandiwolotsa.

Nkhaniyi mukuidziwa, sindiibwereza yonse. Ambiri munandiona tsiku lija nditaima m'mbali mwa msewu kupitirira Chitakale, pakati pa minda ya tiyi, boneti ili yotsegula, nthunzi ikutuluka, okwera akutsika kukasaka galimoto ina. Munamvanso zomwe anandiuza kugalaja kuja, kuti injini yapsa, ndiiwale, ndisake ina yochokera kunja. Sanamasule ngakhale bawuti limodzi. Anangosuzumira, n'kugamula. Mtengo womwe anatchula sindikanaupeza ngakhale nditagulitsa mbuzi zonse pamodzi ndi njinga. Chigwereni kwacha ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, chitsulo chilichonse cha galimoto chinakwera mtengo moti dalaivala wa pasiteji akauzidwa kuti agule injini amadziwa kuti ntchito yatha. Ndipo galimoto imeneyi ndi yomwe imatidyetsa, ndi yomwe ikulipira fizi ya mwana wathu wa Folomu 4.

Woyamba kumuthokoza, ndipo mundikhululukire chifukwa ndiwabwerezabwereza, ndi apongozi anga aamuna, bambo awo a mayi a kunyumba. Mukudziwa kuti ine ndine mkamwini pamudzi pano, ndipo mkamwini ndi apongozi sachezerana mwachisawawa. Timapatsana moni, timapatsana ulemu, aliyense n'kulowera kwake. Iwowa anagwira ntchito zaka zambiri mu wekishopu ya kuesiteti ya tiyi, kukonza mathirakitala ndi malole onyamula masamba, mpaka maso anachita ng'ala, manja n'kuyamba kunjenjemera. Sindinawapemphe. Galimoto itakokedwa n'kufika pakhomo, m'mawa mwake ndinangowaona akubwera ndi ndodo yawo, mdzukulu atawasenzera bokosi lachitsulo la masipanala, bokosi lomwe chipumireni pantchito sanabwerekepo munthu wina aliyense.

Atakhala pampando anati, "Akamwini, injini siifa chifukwa choti munthu wanena. Tiyeni tiione kaye." Anandiuza ndisolole dipisitiki, mdzukulu awauze mtundu wa oyilo. Akanakhala kuti wasanduka ngati tiyi wothira mkaka, bwenzi tikudziwa kuti madzi alowa mu oyilo ndipo gasiketi ya hedi yapsa. Koma oyilo anali wakuda bwinobwino. Anatsegulitsa kapu yothirira oyilo, kunsi kwake kunalibe zoyera zilizonse. Tinathira madzi mu radiyeta n'kuliza injini kamphindi kochepa. Ku ekizozi kunalibe utsi woyera, pakamwa pa radiyeta panalibe thovu lotumphuka mosalekeza. Nthawi yonseyo iwo anali atatchera khutu mbali ya kumanja, komwe kuli lamba, kenako anakweza dzanja kuti ndizimitse. Anati amva beringi ikukukuta. Anaimirira, n'kulowetsa dzanja lawo lonjenjemera lija m'kati, kugwira pule ya wotapampu, pampu yozunguza madzi oziziritsa injini, n'kuigwedeza. Inkasewera. Anapapasa kunsi kwake, chala chinatuluka chonyowa, chili ndi zoumirira zofiirira. Anandifotokozera kuti pampu imakhala ndi kabowo kakang'ono kamene opanga anakasiya dala, kuti silo ya m'kati yotchinga madzi ikatha madziwo azitulukira pamenepo, mwini galimoto adziwe. Beringi ikatha shafuti imasewera, silo imalephera kugwira, madzi amathawa, injini n'kuwira. Chomwe chinapulumutsa hedi, anatero, n'choti ndinazimitsa singano itangokwera, chifukwa hedi ya injini iyi ndi ya aluminiyamu ndipo siichedwa kupindika ikatentha kwambiri.

Abale, atanena kuti vuto ndi pampu yokha ndinakhala pansi pa dothi. Miyendo inandithera mphamvu. Sabata yonse ija ndinali ndisakudya bwino.

Ndalama yolipira makaniko ndinalibe, ndipo kugalaja kuja mtima sunkafunanso kubwererako. Bambo anati, "Manja ndi maso mukhala inu. Ine ndikhala pompano." Ndipo anakhaladi. Inali nyengo ya chiperoni, phiri osaoneka, kamvula kowaza kaja osaleka, kuzizira kolowa m'mafupa. Tinamanga lona pansi pa mtengo wa mango. Mayi a kunyumba anawachonderera kuti alowe m'nyumba aziotha moto, tiziwaitana pakafunika, iwo anakana. Anafunda bulangete pamwamba pa jekete, n'kukhala pafupi ndi tayala lakutsogolo kuyambira m'mawa mpaka mdima.

Ntchito yake ndiilemba pang'ono chifukwa anzanga ena a Probox ndi Sienta akhala akundifunsa. Injini yanga ndi 1NZ, pampu yake imayendetsedwa ndi lamba yemweyo woyendetsa olitaneta, ndipo ili mbali ya tayala lakutsogolo la kumanja, pamalo opanikizika kwambiri. Tinayamba injini itazizira, tinachotsa waya wa batire, n'kukhuthulira madzi a mu radiyeta m'beseni. Apa bambo anakalipa kuti beseni lichoke msanga pabwalo, chifukwa kulanti, mankhwala a m'madzi a mu radiyeta, amatsekemera koma ndi poizoni, galu kapena mwana akamwa zimathera kumaliro. Ndisanachotse lamba anandiuza ndiyambe ndafewetsa mabawuti a pule, lamba akadali wokoka, chifukwa ukachotsa lamba kaye pule imangozungulira, sipanala osagwira kanthu. Nzeru imeneyi ndekha sindikanaipeza. Kenako jeke, koma anakana kuti ndilowetse mutu pansi pa galimoto yokhala pa jeke yokha. Tinaika zipika zolimba, tayala lomwe tinachotsa tinaligoneka pansi pake, matayala akumbuyo tinawatsekera ndi miyala. Anati kuesiteti anaonapo munthu ataphwanyidwa chifukwa chokhulupirira jeke, ndipo ananena izi mawu atatsika.

Titafewetsa olitaneta lamba anachoka, pule inachoka, n'kutsala mabawuti ndi manati ogwira pampu, ang'onoang'ono, a sipanala ya 10. Bawuti lililonse likatuluka anandiuza ndizilibaya pa katoni molingana ndi pomwe lachokera, kuti pobwezera lisasokonekere. Limodzi linakana. Linali litadyedwa ndi dzimbiri chifukwa cha madzi omwe ankadonthera pamenepo. Ndinkamva m'dzanja kuti ndikangowonjezera mphamvu lithyokera m'kati, ndipo likathyokera mu aluminiyamu ndiye kuti galimoto ikokedwanso. Bambo anandigwira pamkono. Anati ndithire mafuta ofewetsa dzimbiri, ndigogode mutu wa bawuti pang'onopang'ono, ndidikire. Tinadikira. Anandiuza ndilimange kaye pang'ono, kenako ndilimasule pang'ono, kupita n'kubwerera, dzanja lawo lili pamwamba pa langa, akumva kudzera mwa ine momwe chitsulo chikuyankhira. Litalira kuti tche n'kuyamba kuzungulira, anangoti "eya" n'kubwerera pampando. Dzanja limene lija limalephera kugwira kapu ya tiyi osatayikira, koma pa sipanala silinalakwitse.

Pampu yakale itatuluka ndinaizunguza ndi dzanja, inkalira ngakhale popanda injini. Bambo ndi amene anaumirira kuti tisagule yatsopano tisanachotse yakale, kuti wopita kukagula akainyamule, akafananize mabowo ndi kutalika kwake pakauntala pomwepo.

Apa ndithokoze mayi a kunyumba. Anapita kubanki m'khonde kukatenga ngongole m'dzina lawo, ndipo sanandinenepo mawu olasa ngakhale tsiku limodzi, pamene ndiwo zinali masamba a chinangwa tsiku ndi tsiku. Amayi a gulu lija, munavomera ngongoleyo mukudziwa kuti galimoto ili pazipika, Mulungu akudalitseni. Alamu anga, munasiya ntchito yanu n'kukwera minibasi kupita ku Limbe ndi pampu yakale m'jumbo, munazungulira mashopu, munakana yotchipa yomwe inkasewera isanagwire n'komwe ntchito, munabwera ndi gasiketi yake, lamba watsopano ndi kulanti. Zikomo achimwene. Mnyamata wa kabaza amene unkanyamula okwera anga okhazikika n'kumawauza kuti adikire ndibweranso, wachita zaumunthu. Mnzanga amene unandikoka ndi chingwe tsiku lija osalandira ngakhale ya mafuta, mafuta akusowa nthawi imeneyo, sindidzaiwala. A kumpingo amene munabwera kudzapemphera pakhomo, mapemphero anu ayankhidwa.

Pobwezera ndi pomwe ndinaona kuti ukatswiri ndi kudekha. Pamalo pokhala pampu panali zotsalira za gasiketi yakale. Bambo anandiletsa kupala ndi sikuludiraiva, anati aluminiyamu ukamukanda ndiye kuti wapanga njira ya madzi. Ndinapala ndi kapulasitiki kolimba, n'kupukuta ndi nsanza, iwo n'kumapapasa ndi chala. Anandibweza kangapo. Pomwe maso anga ankaona kuti payera, chala chawo chinkapezabe kotsalira. Silikoni anakana kuti ndipake mochuluka monga amachitira ena, anati wotsala amafinyikira m'kati, n'kuduka, n'kukatseka timabowo ta radiyeta. Pomanga anati ndiyambe mabawuti onse ndi zala, kenako ndimange modumphitsa, ili kenako la tsidya lake, pang'onopang'ono, sipanala nditaigwira pafupi ndi mutu kuti ndisapyole muyeso. Lamba anamuyesa okha ndi chala chachikulu, anati akakoka kwambiri amapha beringi ya pampu yatsopano, akalendewera amalira ndipo batire siitchaja.

Pa madzi anandilankhula mwamphamvu, ndipo ndikufuna anzanga a pasiteji mumve. Madzi a mumtsinje kapena pamjigo omwe timathira mu radiyeta ndi amene amadya pampu. Amabweretsa dzimbiri ndi zoumirira zomwe zimakanda silo. Kulanti amateteza zitsulo ku dzimbiri komanso sawira msanga. Tinathira pang'onopang'ono, hita titaiika kotentha, ndikufinya mapaipi kuti mpweya utuluke, chifukwa mpweya ukatsalira m'kati injini imawiranso ngakhale pampu ili yatsopano. Tinaliza injini n'kudikira. Bambo anagwira paipi yapansi, inali yozizira. Tinadikirabe. Itayamba kufunda anati thermostat yatseguka, madzi akuzungulira. Fani italira n'kusiya yokha, anandiuza ndiyang'ane pansi ndi tochi. Panali pouma. Mayi a kunyumba analulutira mpaka aneba anatuluka. M'mawa mwake injini itazizira tinaonanso madzi n'kuwonjezera pang'ono, ndipo anandichenjeza kuti kapu ya radiyeta ndisadzaitsegule injini ili yotentha, madzi ake amauluka n'kusupula nkhope.

Pali ena omwe sindiwatchula, akudzidziwa. Ena ndinawakokapo usiku kuchokera ku Limbuli, ena ndinawagawirapo mafuta pamzere, koma foni yanga sinalire. Wina, wachibale ndithu, anabwera pakhomo osati kudzandipepesa, koma kudzafunsa ngati ndingamugulitse galimoto pamtengo wa sikirapu. Zinandipweteka, sindinama. Ndakhululuka, ndipo yanu ikadzaima panjira chingwe ndili nacho.

Koma bambo, ndibwerere kwa inu, ngakhale ndikudziwa kuti Facebook simuwerenga, mdzukulu wanu akuwerengerani. Nditakupatsani kenakake ka sopo munakabweza, munati ndikagulire mwana makope. Munati nanunso munabwera pamudzi uno ngati mkamwini, mukudziwa kulemera kwake kwa mwamuna wokhala kwa eni ake pamene m'thumba mulibe kanthu. Simunandichititse manyazi pamaso pa ana anga ngakhale kamodzi. Pomwe sindinkadziwa munkandiuza chapansipansi, ndipo aneba akabwera kudzaonerera munkawauza kuti akamwini akukonza galimoto yawo. Chifuwa chomwe mwatenga chifukwa cha chiperoni chija chikundiwawa ine. Ndipo bokosi la masipanala lija, lomwe ndinakubwezerani nditapukuta sipanala iliyonse, munauza mdzukulu alibweretsenso kwathu, munati likhale komwe kuli ntchito. Ndinalowa m'nyumba n'kulira. Ambuye Yesu, sungani munthu wamkuluyu, muwonjezereni masiku, mutsegulireni maso ake aonenso zidzukulu zake bwinobwino. Ameni.

Amayi a banki m'khonde, ndiyamba kubweza sabata ino, musadandaule. Okwera anga a Chitakale, Limbuli ndi Muloza, mawa m'mamawa ndili pasiteji monga kale. Lachinayi lokha musandidikire. Ndikutenga bambo kupita nawo ku Blantyre, kuchipatala cha maso cha Lions Sight First ku Queens, akawaone ng'ala ija. Akhala akuzengereza nthawi yaitali chifukwa choopa kukwera ndi kutsika maminibasi, koma dzulo avomera. Amene mumapemphera, tikumbukireni tsiku limenelo, madokotala akanene kuti n'zotheka.