Musanagulitse magemu akale aja, werengani kaye apa

Ambiri a ife tili kuno ku UK tili ndi kakatoni kenakake pansi pa bedi kapena kudenga momwe muli PlayStation yakale, ma Game Boy a ana amene pano anakula, madiski osawerengeka, ndiye tsiku losamuka nyumba likakwana munthu umangoti aaa izi zikungodya malo, kujambula chithunzi chimodzi kuponya pa Facebook Marketplace kuti zonse £30 bwerani mudzatenge. Ndipo amabweradi, mwachangu zedi, usanakhale ndi pansi foni yayamba kale kulira. Changu chimenecho chizikukayikitsani. Munthu ameneyo sikuti akufuna kusewera FIFA 2004 ayi, waona gemu imodzi pachithunzipo imene payokha ibweza ndalama yake yonse kangapo, zotsalazo akataya kapena akazisiya ku charity shop.

Ine ndimagula ndi kugulitsa timagemu timeneti ngati kageni kapambali ndikaweruka ku ntchito, ndiye ndili mbali inayo ya ogula aja, ndikudziwa zimene timayang'ana. Nkhani yonse ili apa: mu mulu wa magemu makumi angapo, ndalama imakhala mu awiri kapena atatu basi. Zili ngati belo ya kaunjika, amene amaidziwa geni amayamba wasankha kaye zovala za nambala wani nkuzipachika pa hang'ala ndi mtengo wakewake, zotsalazo ndiye amathira pansi za bwerani musankhe. Amene amagulitsa katoni yonse mtengo umodzi ndiye kuti nambala wani uja wamupereka ulere.

Nanga nambala wani mumudziwa bwanji? Ukale pawokha si mtengo, apa ndi pomwe anthu amasokonezeka. PlayStation 2 (PS2) inatuluka mu 2000 ndipo inagulitsidwa zoposa 150 miliyoni padziko lonse, ndiye magemu otchuka ake monga FIFA, Pro Evolution Soccer (PES), Gran Turismo, SingStar ali nyumba iliyonse, palibe akuwasowa, ena simungapeze ngakhale paundi imodzi. Amene amadula ndi aja sanagulidwe kwambiri nthawi yawo, kapena anatuluka mochedwa anthu atasamukira kale ku makina atsopano, makamaka ma RPG a ku Japan, magemu a nkhani yaitali aja, ndi magemu oopsa aja. Conker's Bad Fur Day inatuluka mu 2001 Nintendo 64 ikupita kumapeto. Panzer Dragoon Saga ya Sega Saturn, 1998, madiski anayi, Saturn yo inali itagonja kale pamsika. Suikoden II, Castlevania: Symphony of the Night, ma Silent Hill oyambirira. Pali ina ya PS2 yotchedwa Rule of Rose imene mu 2006 anaimitsa kuigulitsa kuno ku UK manyuzipepala atachita nayo phokoso, pano ukaipeza yabwinobwino ndi mapaundi mazanamazana. Ndipo chilichonse cholembedwa Pokémon, Zelda kapena Mario musachipeputse olo chioneke chakutha, izi zinagulidwa zambiri inde koma ozifuna ndi ochuluka kuposa, ana a m'ma 1990 aja pano ndi madala a pantchito ali ndi ndalama m'thumba akufuna kugula ubwana wawo.

Tsono mtengo weniweni mumaupeza chonchi. Lowani pa eBay, lembani dzina la gemuyo, kenako musayang'ane zimene anthu akutchula pamenepo, pitani pa zosefera paja mudine Sold items. Apo ndi pomwe muone ndalama imene anthu analipiradi masabata apitawa. Munthu akhoza kuika gemu pa £200 nkukhala pompo chaka chathunthu opanda oifunsa, umenewo si mtengo, ndi maloto ake. Onani zingapo zimene zagulidwa posachedwa zofanana ndi yanu, siyani yokwera kwambiri ndi yotsika kwambiri, pakatipo ndi pamene muli. Palinso webusaiti ya PriceCharting imene imasonkhanitsa mitengo yomweyi, kungoti muonetsetse kuti mukuona ya PAL, kutanthauza ya dera la kuno ku UK ndi ku Ulaya, osati ya ku America, chifukwa gemu yomweyo imatha kukhala yosowa uku koma kwinako yodzadza, ndipo makina akale ambiri amakana gemu ya dera lina.

Za mamiliyoni zija tiyeni tikambiretu chifukwa achimwene ena akangomva kuti ndimagulitsa magemu akale amayamba kunditumizira malinki. Zoona, mu Julaye 2021 Super Mario 64 inagulidwa $1.56 miliyoni pa okushoni ya kampani ya Heritage Auctions ku America, masiku ochepa izi zisanachitike The Legend of Zelda inapita pa $870,000. Koma amenewo anali magemu osatsegulidwa chiwagulire, akadali mu pulasitiki yake ya ku fakitale, oyezedwa ndi kampani nkutsekeredwa m'kabokosi kolimba, komanso inali nthawi ya Covid anthu ali m'nyumba mitengo ya zinthu zoterezi itapenga, pambuyo pake inatsika kwambiri. Mario wanu amene mwana analembapo dzina lake ndi maka sali mu ligi imeneyo. Ali ndi mtengo wake wabwino ndithu, koma nyumba ku Area 47 simumangira.

Chimene chimandiwawa ine ndi makatoni. Magemu a Super Nintendo, Nintendo 64 ndi Game Boy ankabwera mu timabokosi ta pepala, ana ankang'amba tsiku la Khirisimasi lomwelo nkutaya, ndiye lero katiriji, kagemu kapulasitiki kolowetsa m'makina kaja, ili paliponse koma bokosi lake ndi losowa, moti nthawi zina bokosi lopanda kanthu ndi kabuku kake zimadula kuposa gemu yeniyeniyo. Pamsika uno pali mitengo itatu, ya gemu yokhayokha, ya gemu yokwanira ndi bokosi ndi kabuku, ndi ya yosatsegula, ndipo kusiyana kwake si kwa masewera. Ndiye musanataye pepala lililonse mu katonimo, kaya ndi mapu, kaya ndi kapositala, kaya kathireyi ka mkati kaja, dikirani kaye. Ndipo musamate selotepi pa bokosi long'ambika poganiza kuti mukukonza, mukuonongeratu, lisiyeni momwemo ogula aone yekha. Kwa a PlayStation onaninso ngati pachikuto palembedwa Platinum. Amenewo ndi aja anawasindikizanso motchipa atagulidwa kwambiri, gemu ndi yomweyo koma osonkhanitsa amafuna yoyamba ya chikuto chakuda, ya Platinum imatsika mtengo.

Kutsuka kulipo koma pang'ono. Tizitsulo ta katiriji tija mumapukuta ndi kathonje ka m'makutu konyowetsa ndi isopropyl alcohol, zopemerera ndi pakamwa zija tinkachita tili ana zimangothira chinyezi. Pa pepala la pamwamba musafikitsepo chamadzi chilichonse. Game Boy kapena pad iliyonse ya mabatire tsegulani kumbuyo muone ngati munatsalira ma AA amene anaphulikiramo, ufa woyera uja umadya zitsulo. Diski yokalika musaipake mankhwala a mano ngati amanenera ena pa YouTube, mashopu ena a magemu ali ndi makina opalira madiski pa mtengo wochepa, koma ngati ili ya paundi ziwiri ingoisiyani.

Ma Pokémon ali ndi nkhani zawo ziwiri. Yoyamba ndi batire. Mu katiriji ya Gold, Silver ndi Crystal muli kabatire kozungulira kamene kamasunga pamene wafika komanso kuyendetsa wotchi, ndiye patha zaka zoposa 20 ambiri anafa, ukasewera nkuzimitsa zonse zapita. Yesani musanagulitse, sevani, zimitsani, dikirani pang'ono, yatsaninso. Ngati yafa nenani, kapena ngati mumatha kuwotcherera sinthani nokha, pamafunika ka sikuludiraiva kapadera kotchedwa gamebit ka 3.8mm, ndipo gemu yolembedwa kuti batire yatsopano imayenda msanga. Pa Ruby, Sapphire ndi Emerald batire ndi ya wotchi yokha, kuseva kumatheka olo itafa. Yachiwiri ndi ma feki, amene adzadza kwambiri makamaka a Game Boy Advance. Yeniyeni imakhala ndi timanambala todinda pa pepala la kutsogolo, timaoneka ukapendeketsa pa kuwala, ndipo ukasuzumira kumene kuli tizitsulo umaona dzina la Nintendo litalembedwa pa bolodi. Jambulani zimenezi muike pa malonda anu, ogula wodziwa akaona amalipira mosanyinyirika. Ngati yanu ndi feki musaiike ngati yeniyeni, ibwezedwa basi ndipo akaunti yanu ikhoza kutsekedwa.

Kogulitsira ndiye kumatengera kuti mukufuna ndalama liti. CeX, shopu yogula ndi kugulitsa magemu ogwiritsidwa kale ntchito, ili pafupifupi tauni iliyonse, mitengo yawo yogulira ili poyera pa intaneti, umalowa ndi katundu nkutuluka ndi ndalama tsiku lomwelo, ndipo ukalola vocha m'malo mwa kashi amakupatsa yochulukirapo. Koma nawonso akagulitsenso apeze phindu, ndiye mtengo wawo ine ndimautenga ngati pansi, kutanthauza kuti wina aliyense akandipatsa yochepera apo palibe chifukwa chomugulitsira. Magemu odula aja malo ake ndi eBay, imodziimodzi, chifukwa kumeneko ndi kumene kuli anthu amene akusaka dzina limenelo usiku ndi usana. Kuyambira Okutobala 2024 eBay ya kuno inachotsa ndalama imene inkadula kwa anthu wamba ogulitsa zinthu zawo, ndiye zinapepukako. Ine ndimakonda kuika mtengo wokhazikika wokwererako pang'ono nkulola anthu kunenerera, kusiyana ndi okushoni yoyambira 99p, chifukwa okushoni imafuna anthu awiri olimbirana ndipo sabata imeneyo akapezeka mmodzi yekha mwalira. Okushoni ndi yabwino pa chinthu chosowa zenizeni chimene mukudziwa kuti anthu achilimbirana, ndipo muikonze kuti ithe Lamlungu madzulo anthu ali pa sofa ndi foni, osati Lachiwiri m'mawa ali ku shifiti. Vinted nayonso pano anthu akugulitsirapo magemu. Facebook Marketplace ndi ya zolemera zovuta kutumiza, makina ndi mawaya ake ndi ma pad, koma konzekani mafunso a kodi ilipobe ochokera kwa anthu amene sabweranso. Car boot sale ndi yomalizira zotsala, kumeneko ogula amafika ndi tochi kusanache ndipo amafuna chilichonse pa paundi.

Ngati simuli pa changu dikirani Novembala, anthu akamagula mphatso za Khirisimasi zinthu zimayenda bwino kuposa Januwale aliyense ali wofoka m'thumba.

Zithunzi jambulani masana pafupi ndi windo, kutsogolo, kumbuyo, m'mbali, pansi pa diski, kabuku, komanso gemuyo ikuoneka pa TV kuti aone ikugwira. Pamene pali chilema jambulani dala pafupi ndipo lembani. Anthu amaopa kuti akanena chilema mtengo utsika, koma osonkhanitsa magemu ndi anthu ovuta mwapadera, kakung'ambika kamene inu simukukaona iye akaona ndi galasi, bola adziwiretu kusiyana nkuti akubwezereni katundu inu mutadya kale ndalama. Potumiza, gemu ya mu kesi ya DVD imakwana pa large letter ya Royal Mail chifukwa malire ake ndi 2.5cm kunenepa, koma ya bokosi la pepala ija musaiike mu envulopu, ifika itaphwanyika, ifunika katoni yolimba. Chilichonse chodula tumizani ndi tracking ndipo risiti ya ku Post Office sungani. Wina akati tiyeni tikambirane pa WhatsApp ndikulipirani kunja kwa eBay, kapena akutumizirani munthu wa kampani yonyamula katundu ndi ndalama mu envulopu, ameneyo ndi wakuba, blokani.

Za msonkho mwachidule, kuyambira Januwale 2024 ma pulatifomu ngati eBay ndi Vinted amapereka malipoti ku HMRC, bungwe la msonkho la kuno, za munthu amene wagulitsa zinthu 30 kapena kuposa, kapena wadutsa pafupifupi £1,700 pachaka. Kutaya katundu wanu wakale wa m'nyumba si bizinesi, musachite mantha. Koma mukayamba kugula ndi cholinga chogulitsanso ngati ine, zikadutsa £1,000 pachaka muyenera kulembetsa ku HMRC.

Tsono ma FIFA ndi ma PES aja ndati alibe mtengo kuno, musawataye. Kumudzi akadali ndi ntchito, m'makwalala a ku Ndirande, Kawale, Mchesi muja muli timashopu ta magemu momwe ana amalipira pa gemu iliyonse, ndipo chimene amafuna kumeneko ndi mpira ndi ndewu, Mortal Kombat, Tekken, za Suikoden palibe angakufunseni. Makina a kuno amagwira ku Malawi osasintha kanthu, pulagi ndi yomweyo ya mano atatu, magetsi ndi omwewo, TV ndi PAL, pomwe ena a ku America amafuna 110V ukangowalumikiza utsi. Ndiye PS2 kapena PS3 yokhala ndi ma pad awiri abwino ndi mulu wa mpira, imene kuno angakupatseni ndalama ya basi, mukaiika mu katundu wopita kwathu mphwanu akhoza kuyambira kageni. Mbali inayo ndiye sizitheka, abale amene mumandifunsa ngati mungatumize kuno magemu anu akale muli ku Malawi, ambiri amene tinakulira nawo anali madiski okopera osewera pa PS2 yoikidwa chip kuti izilola madiski otere, ndi timakatiriji tachikasu ta TV gemu tolembedwa 9999 in 1 tija pomwe mkati muli magemu ochepa omangobwerezabwereza. Tinasangalala nazo kwambiri koma osonkhanitsa sagula zimenezo. Tembenuzani diski muone pansi, ya PS1 yeniyeni ndi yakuda, ya PS2 ndi yabuluu kapena yasiliva yokhala ndi chizindikiro cha PlayStation chooneka mkati mwake, ikakhala ya pepo yolembedwa ndi maka pamwamba ndiye ingopitirizani kusewera.