Bokosi losungira mafayilo: madisiki awiri tsopano ali pa ZFS

Bokosi langa losungira mafayilo layamba kugwira ntchito, ndipo madisiki ake ali pa ZFS, dongosolo loyalira ndi kusunga mafayilo pa disiki. Ndi kompyuta yakale ya pa desiki, RAM ya 8GB, Debian (mtundu wa Linux) ili pa SSD yaing'ono, kenako madisiki awiri a 2TB a kaunjika omangidwa ngati mirror. Chilichonse chimalembedwa pa onse awiri, choncho malo ndi a disiki imodzi basi, pafupifupi 1.8TB powerengera kwa kompyuta.

Disiki ya kaunjika musaikhulupirire chabe poti ikuzungulira. Musanaikepo kanthu, ipimeni ndi smartctl, pulogalamu yoyezera thanzi la disiki: lembani smartctl -t long, dikirani maola angapo, kenako werengani smartctl -a. Pa mndandanda umene utuluke, mzere wa nambala 9 ukuuzani maola amene yagwira ntchito. Nambala 5 ndi 197, zowerenga malo owonongeka pa disiki, zikhale pa 0; zikakhala kuti zayamba kukwera, ibwezeni kwa wogulitsa. Fufuzaninso ngati ndi ya SMR (disiki yolemba mizere yake mosanjikiza), chifukwa mtundu umenewu umakwawa kwambiri tsiku limene mukudzaza disiki yatsopano inzake itafa.

Chondichotsa pa ext4, dongosolo lodziwika kwambiri losungira mafayilo pa Linux, si liwiro. Journal yake (kaundula wa zosintha zimene ikulemba) imateteza dongosolo la mafayilo, koma zamkati mwa fayilo siziyang'aniridwa. Chithunzi cha ukwati chikawonongeka pakati, ext4 idzakupatsani momwemo, osadandaula. ZFS imasunga checksum (nambala yotsimikizira kuti zolembedwa sizinasinthe) ya block iliyonse, kutanthauza kachigawo ka deta, ndipo ikaona kuti sizikugwirizana imatenga yabwino pa disiki inayo n'kukonza yowonongekayo. Komanso silemba pamwamba pa zakale: imalemba pamalo ena, ikamaliza ndiye imaloza kwatsopanoko. Kuno ku Blantyre, kumene magetsi amangothima osatsanzika, chimenechi ndiye chachikulu. Zimene mungataye ndi za masekondi ochepa omaliza, osati nkhokwe yonse.

Lamulo lomangira mirror, imene ndaitcha nkhokwe, ndi zpool create -o ashift=12 nkhokwe mirror, kenako maina a madisiki ochokera mu /dev/disk/by-id. Musalembe sda ndi sdb, maina amenewa amatha kusinthana mukayatsanso kompyuta. Ashift=12 ndi ya ma sector (tizigawo ta disiki) a 4K, ndipo ikangoikidwa sisinthika, ndiye musaiwale. Compression=lz4, yofinya mafayilo kuti atenge malo ochepa, ndayatsa, ngakhale pa zithunzi ndi mavidiyo palibe chimene ikufinya.

Scrub (pamene ZFS imawerenga zonse zosungidwa pofufuza zowonongeka) yoyamba inaonetsa manambala pa CKSUM ya disiki imodzi, ndime ya mu zpool status yowerenga ma checksum osagwirizana. Apa anthu amathamangira kutaya disiki yabwinobwino. Yambani mwaona nambala 199 mu smartctl: ikamakwera, vuto nthawi zambiri ndi waya wa SATA wolobodoka kapena polowera pake podzaza fumbi. Waya atasinthidwa, zpool clear yofufuta manambalawo, scrub ina, manambala sanabwerenso.

Debian imayambitsa yokha scrub Lamlungu lachiwiri la mwezi, pakati pa usiku. Magetsi akakhala kulibe pa ola limenelo, mwezi umenewo wapita. Muziona tsiku la scrub yomaliza mu zpool status, ngati padutsa nthawi muiyambitse pamanja.

Fani ya 120mm kutsogolo kwa madisiki ndi yofunika October asanafike; kutentha kwawo kuli pa nambala 194, ndipo ndikufuna kuzikhala pansi pa 45°C.

Zatsala ndi ma snapshot (kusunga mmene mafayilo analili pa nthawi inayake) a tsiku ndi tsiku, ndi zfs send yotumiza pa disiki yachitatu yokasungidwa nyumba ina. Madisiki awiriwa ali pa soketi imodzi, mphezi ya dzinja ikalowa pa waya apsa onse.