Masitepe 108 a ku Canton

Loweruka lapitali ndinalawirira kuchoka ku Columbus, ulendo wa maola awiri pagalimoto mpaka ku Canton, momwe muno mu Ohio. Ndinkafuna kukaona manda a William McKinley, pulezidenti wa America amene anawomberedwa ku Buffalo pa 6 Seputembala 1901, n'kutisiya patatha masiku asanu ndi atatu.

Mandawo ali pamwamba pa kaphiri, ndipo kuti ukafike umakwera masitepe 108. Ena amathamangapo pochita masewera olimbitsa thupi, ine ndinafika wefuwefu. M'chipilala chomwe anatsegulira mu 1907 agonamo iye, mkazi wake Ida ndi ana awo aakazi awiri.

Koma chinanditengera kumeneko kwenikweni ndi mafilimu. Kampani ya Edison, yojambula mafilimu, inatumiza anthu ndi makamera opukusa ndi dzanja, ndipo anatsatira malirowo ku Buffalo, ku Washington, mpaka tsiku loika ku Canton. Ndinakhala pa sitepe yomaliza n'kuwaonera pafoni. Ndi timafilimu ta mphindi zochepa, topanda mtundu, topanda mawu. Mahatchi akukoka ngolo, asilikali akuguba, khamu la zipewa ladzaza mbali zonse za msewu, koma kuli zii. Kwa ine amene ndinakulira kumene maliro umawamva usanawaone, amayi akuimba pasiwa usiku wonse, zinandilemera pamtima. Ndinapezeka ndikukweza voliyumu ngati wopusa.

Tikuwaonera lero chifukwa cha lamulo. Mpaka mu 1912 lamulo la umwini silinkatchula mafilimu, choncho makampani ankasindikiza chithunzi chilichonse cha mufilimu pa mpukutu wa pepala n'kukasiya ku Library of Congress, laibulale yaikulu ya boma la America, kuti lamulolo liwateteze ngati zithunzi. Mafilimu ambiri enieniwo anawonongeka, mapepala aja n'kupulumuka.

Pali china chimene sichinandisangalatse. Leon Czolgosz, amene anawombera McKinley, anaphedwa pa mpando wamagetsi kundende ya Auburn mu Okutobala chaka chomwecho. Kamera sinaloledwe kulowa. A Edison anangojambula mpanda wa ndendeyo kunja, zotsalazo n'kuchititsa sewero, anthu n'kumalipira kukaonera. Bodza la pakanema si la lero ayi.

Nditatsika ndinadutsira ku manda a West Lawn, pafupi pomwepo, kumene bokosi linayamba lasungidwa chipilala chisanamangidwe. Ndinayesa kusaka pamene wojambula uja anaimika kamera yake, koma batire la foni linanditsirizikira ndisanapapeze.