Masewera achikhumi omwe sanaseweredwe

Teremu ino, pa phunziro la mbiri ya dziko la America, aphunzitsi anatipatsa ntchito yoti aliyense asankhe timu imodzi ya yunivesite ndi chaka chimodzi, kenako alembe zomwe chakacho chikutiuza za anthu a nthawi imeneyo. Ine ndinasankha timu ya mpira wa ku America (American football) ya University of San Francisco ya 1951, yomwe amaitchula kuti Dons. Zotsatira zake zinkaoneka zoyera ngati mbale yotsuka: anasewera kasanu n'kanayi, anapambana konse.

Ndisanalembe kanthu ndinayenera kuumvetsa kaye mpirawo. Ndinakulira mpira wamiyendo, ndiye poyamba ndinkangoona anthu ovala zipewa zolimba akugundana n'kuunjikana pansi. Mpira wake ndi wosongoka uku ndi uku, ndipo nthawi zambiri amaunyamula m'manja. Mbali iliyonse imakhala ndi osewera 11. Timu yomwe ili ndi mpira imapatsidwa mwayi kanayi kuti isunthe mayadi 10, ikakwanitsa imapatsidwanso mwayi wina kanayi, mpaka ikafike kumapeto kwa bwalo n'kupeza mapointi 6. Ndinatha mausiku atatu ndili pamphasa ndi foni, kuonera kanema, kuimitsa, kujambula mizere m'kope, kubwezanso. Nditazindikira kuti nkhondo yonse ili pa mayadi khumiwo, manambala anayamba kundilankhula. M'chaka chimenecho Ollie Matson anathamanga ndi mpira mayadi 1,566, kuposa wosewera wina aliyense wa m'mayunivesite akuluakulu a dzikolo. Tangoganizani, mtunda wonsewo anauyenda pang'onopang'ono, anthu amphamvu akumudumphira.

Ndinalemba masamba anayi onyadira timuyo. Ndinatchula mphunzitsi wawo Joe Kuharich, bwalo lawo la Kezar Stadium, ndiponso kuti osewera atatu a timu imodzi yomweyi, Matson, Gino Marchetti ndi Bob St. Clair, anadzalowa mu Pro Football Hall of Fame, malo olemekezera akatswiri opambana a mpirawu. Pepala litabwerera, aphunzitsi sanachonge chilichonse. Pansi penipeni analemba ndi cholembera chofiira funso limodzi lokha: "Nanga atapambana konseko, anakasewera kuti?"

Funsoli linandisowetsa tulo. Ku America timu ya yunivesite ikachita bwino imaitanidwa ku masewera aakulu a kumapeto kwa nyengo, otchedwa bowl, omwe amabweretsa ulemu komanso ndalama. A Dons sanapite kulikonse. Ine ndinali nditaona kuti mndandanda wathera pa masewera achisanu n'chinayi, koma sindinadzifunse chifukwa chake.

Matson anali munthu wakuda. Mnzake Burl Toler analinso wakuda. Masewera ambiri a bowl ankachitikira m'zigawo za kummwera, komwe malamulo a tsankho anali adakali amphamvu. Chigamulo cha khoti lalikulu choletsa kusankhana mitundu m'sukulu za boma chinadzabwera mu 1954, ndipo Rosa Parks, mayi wakuda, anadzakana kusiyira mzungu mpando wake m'basi mu 1955. Zonsezi zinali zisanachitike. Osewera a timuyo akhala akufotokoza kuti mwayi wopita ku Orange Bowl, ku Miami, unalipo pokhapokha atasiya awiriwo kunyumba, ndipo iwo anakana. Pa 1 Januware 1952 ku Orange Bowl kunasewera Georgia Tech ndi Baylor.

Chomwe chinandigwira mtima kwambiri ndi mtengo wake wa kukanako. Yunivesiteyo, yomwe ndi ya ansembe a chi Jesuit, inkataya ndalama zambiri pa mpirawu. Popanda ndalama za bowl, inathetsa timuyo nyengoyo itangotha. Anyamata omwe anali asanamalize maphunziro anatsala opanda timu, ndipo ena, monga St. Clair, anasamukira kwina. Ndinkaganiza za mnyamata wa zaka 20 yemwe mwina mpira ndi womwe unkamulipirira sukulu, atakhala m'chipinda chosinthira zovala, akumva kuti njira yopita kutsogolo ndi kusiya mnzake. Kulankhula zachilungamo mimba ili yokhuta n'kosavuta. Awa analankhula akudziwa kuti mphika ukhoza kugwa pamafuwa.

Apa m'pamene ndinaphunziranso kusiyanitsa mitundu ya umboni. Zigoli zinalembedwa tsiku lomwelo, palibe angazitsutse. Koma nkhani ya kukana ija yafika kwa ife makamaka kudzera m'kamwa mwa osewerawo, ambiri akuikamba patapita zaka. Poyamba ndinafuna kuilemba ngati mmene ndinalembera zigoli. Kenako ndinaona kuti ulemu weniweni kwa iwo ndi kunena momveka kuti mawuwa ndi awo, n'kuwayika pafupi ndi zomwe zimaoneka poyera: timu yosagonja, osewera awiri akuda, malamulo a kummwera, ndi kusapezeka kwawo pa masewera a bowl aliwonse.

Matson anapita ku mpikisano wa Olympic ku Helsinki mu 1952, n'kubwerako ndi mendulo ziwiri za liwiro, ya bronze pa mamita 400 ndi ya siliva pa liwiro lopatsirana. Mnyamata yemwe ankalemba nkhani za timuyo n'kumatumiza kwa atolankhani, Pete Rozelle, anadzakhala mkulu wa NFL, ligi yaikulu ya akatswiri a mpirawu, mu 1960.

Koma ine ndinakakamira pa Toler. Timu ya mu NFL ya Cleveland Browns inamusankha, koma anavulala bondo pa masewera a College All-Star, a osewera osankhidwa a m'mayunivesite, mu 1952 ndipo mpira wake unathera pomwepo. Anakhala mphunzitsi ku San Francisco, kenako mphunzitsi wamkulu. Mu 1965 anabwerera pabwalo atavala malaya amizeremizere, munthu wakuda woyamba kukhala woimbira masewera mu NFL, ndipo anagwira ntchitoyo zaka 25.

Pepala lija ndalilembanso lonse. Masamba anayi onyadira aja atsala theka la tsamba. Pa mndandanda wa zotsatira ndawonjezera mzere wachikhumi, ndalembapo Januware 1952, ndipo malo a zigoli ndawasiya opanda kanthu. Ndikalipereka Lolemba.