Chigamulo ndinali nacho, ndalama osabwera

Tsiku lomwe khoti linagamula kuti bambo a ana anga azipereka ndalama mwezi ndi mwezi ndinatuluka mtima uli m'malo, ndimaona ngati basi zatha. Anapereka miyezi iwiri, wachitatu theka, kenako zii, foni osayankha, ukawapeza akuti zinthu sizikuyenda, chonsecho ana akudya tsiku lililonse, nsapato zikuthina, kusukulu nako akufuna zawo.

Chomwe sindimadziwa nchoti khoti silikhala likuwerengera ngati mwezi uno walandira kapena ayi. Likagamula lagamula, umayenera kubwerera wekha kukanena kuti munthu uja sakutsatira. Ine ndinadikira nthawi yaitali, pepala lili mu chikwama, ndikumaganiza kuti aona okha.

Nditabwerera funso loyamba linali loti ngongole yafika pa zingati, ndiye amwali, musamadalire mutu. Gulani kope, lembani deti, ndalama zomwe zabwera ndi mwezi womwe sizinabwere, sungani mameseji ndi malisiti onse, ngakhale ka meseji koti "ndikupatsa mawa" kamathandiza coz kakuonetsa kuti akudziwa kuti sanapereke. Ndalama za miyezi yodumphidwa sizifa ayi, ndi ngongole.

Njira yomwe inandithandiza ndi yodula pa salale, khoti limalamula abwana awo kuti azichotseratu ndalamayo isanafike m'manja mwawo, ndiye palibenso zopemphana ngati ukupempha chifundo. Koma izi zimayenda ngati munthu ali pa ntchito yolembedwa, wa bizinesi amangoti sindinapeze kanthu ndipo kuti umutsutse ndi ntchito ina. Pamenepo mayiko ambiri amalola kulanda katundu, kapena kumutsekera chifukwa chonyoza khoti. Ku America ngongole ikapitirira $2,500 amatha kukukaniza pasipoti. Ine za ndende sindimazifuna, munthu ali mkati apeza kuti ndalama, komanso ana akamve kuti mayi awo anamangitsa bambo awo?

Chimandiwawa ndi achibale a bambowo omwe amati ukumuvutitsa mwana wathu. Ndalamayi si yanga ine. Pangano la United Nations la ufulu wa ana la 1989, gawo 27, limanena kuti udindo woyamba wosamalira mwana ndi wa makolo, ndipo boma liyenera kuthandiza kuti ndalamazi zipezeke ngakhale kholo litathawira kunja. Ngati ntchito yathadi, zimachitika, apite yekha kukhoti akapemphe kuti amuchepetsere, osati kungodzigamulira kuti mwezi uno ayi.

Pano ndalama zimalowa kumapeto kwa mwezi, ngongole yakale ikudulidwa pang'onopang'ono. Ana amapitabe kukawaona bambo awo, ngakhale nthawi yomwe samapereka ija sindinawaletsepo, ndipo za kopelo sadziwa.